Makamera Asanu a Mlimi wa ku Bil'in

Tikamva pa wailesi za nkhondo ya ku Israel ndi Palestine, kaŵirikaŵiri timangomva chiŵerengero cha anthu ophedwa, kenaka timapitiriza ntchito zathu. Maina a Jerusalem ndi Hebron tidawazoloŵera m'Baibulo kuyambira ubwana wathu, koma anthu okhala kumeneko lero sitiwadziŵa. Komabe alipo anthu a ku Palestine amene adzipereka kujambula mafilimu oonetsa moyo weniweni wa m'midzi yao, ndipo ntchito yaoyo yatichititsa ife makolo kulingalira mozama.

Mmodzi wa iwo ndiye Emad Burnat, mlimi wa m'mudzi wa Bil'in, kuzambwe kwa Ramallah. M'chaka cha 2005 adagula kamera kuti azijambula mwana wake wachinayi amene anali atangobadwa. Chaka chomwecho boma la Israel lidayamba kumanga mpanda umene udalekanitsa mudziwo ndi minda yake ya azitona. Lachisanu lililonse anthu ankayenda ndaŵala yokana mpandawo, ndipo Burnat ankajambula zonse. Makamera ake asanu adaphwanyidwa, imodzi pambuyo pa inzake. Ina idawomberedwa iye akujambula, chipolopolo n'kukanirira m'kamera momwemo, iye n'kupulumuka. Mnzake Bassem Abu Rahmah sadapulumuke: adafa mu 2009 atalasidwa pachifuwa ndi chitini cha utsi wokhetsa misozi.

Zithunzi zimenezi adazisonkhanitsa mothandizana ndi Guy Davidi wa ku Israel, ndipo mu 2011 adatulutsa filimu yotchedwa 5 Broken Cameras. Chaka chomwecho mpanda uja udasunthidwa potsatira chigamulo cha bwalo lalikulu la Israel cha mu 2007, ndipo gawo lina la minda lidabwezedwa.

Chimene chimatigwira mtima koposa m'filimuyi ndi mwana uja. Timamuona akuphunzira kuyenda ndi kulankhula, ndipo pakati pa mau ake oyamba pali "khoma" ndi "asilikali". Ife amene tidalera ana tikudziŵa kuti mwana amayamba kutchula zimene amaziona tsiku ndi tsiku pabwalo. Kodi mtima wa mwana wotere udzakula bwanji? Bambo wake sadathe kumphimba m'maso. Chimene adatha ndicho kusunga umboni wa zimene mwanayo adaona.

Ntchitoyi siidathere pa Burnat. Filimu ya No Other Land, yoonetsa kugumulidwa kwa nyumba ku Masafer Yatta, kumwera kwa Hebron, idalandira mphotho ya Oscar mu 2025. Adaikonza anthu anai: Basel Adra ndi Hamdan Ballal a ku Palestine, pamodzi ndi Yuval Abraham ndi Rachel Szor a ku Israel.

Akuluakulu adati mwana wa mnzako ngwako yemwe. Tsono ife makolo ndi inu achinyamata, tikadzamvanso chiŵerengero chija pa wailesi, tisafulumire kusankha mtundu woti tidane nao. Tiyambe takumbukira kuti aliyense woŵerengedwayo, kaya mbali iyi kaya inayo, anali ndi dzina, ndiponso mayi amene adamphunzitsa kulankhula.