Kulondola mapazi a Gerald mu mzinda wa Manchester

Sitima yochokera ku Euston mu London imafika pa Piccadilly patatha maola awiri ndi mphindi zochepa. Akwathu ambiri akatsika pamenepa amafunsa njira ya ku Old Trafford. Ine chinandiyendetsa ndi chimbale chotchedwa Hot Lemonade, chomwe chinatuluka mu 1989. Mwini wake ndi Gerald Simpson, mnyamata wa ku Moss Side wobadwa mu 1967 kwa makolo ochokera ku Jamaica, amene dziko limamudziwa kuti A Guy Called Gerald.

Mwana wa achemwali anga, yemwe amagwira ntchito yosamalira okalamba mumzindawu, anandichingamira ndi maambulera awiri. "Amalume, ulendo wonsewu chifukwa cha nyimbo zosowa ndi mawu omwe?" Ndinangomuuza kuti tiye, miyendo iyankha.

Tinayambira ku Stevenson Square, kumene kuli sitolo ya zimbale ya Eastern Bloc. Lero ukalowamo umayamba wamva fungo la khofi usanaone zimbale, koma m'zaka za m'ma 1980, sitoloyi idakali pa Oldham Street, ndi kumene anyamata ankathamangira kukamva zatsopano zochokera ku Chicago ndi ku Detroit. Mmodzi mwa eni ake, Martin Price, anagwirizana ndi Graham Massey komanso Gerald n'kuyambitsa gulu la 808 State, ndipo mu 1988 anatulutsa chimbale cha Newbuild. Ubalewo sunakhalitse. Gerald anachoka, mkangano wa nyimbo ya Pacific State n'kutsala ukufuka utsi kwa zaka.

Ndili chiimire pamenepo ndinamuveka mwanayo zomvera m'makutu kuti alawe Hot Lemonade. Anakwinya nkhope. Chimene chinamudabwitsa ndi kaphokoso kamene kamalira ngati achule a m'dambo mvula yoyamba ikagwa, kenaka n'kumapotokola, kumatambasuka, kumabwerera. Kameneko ndi ka Roland TB-303, kamakina kakang'ono ka ku Japan komwe anakapanga mu 1981 kuti kazilowa m'malo mwa woimba gitala ya besi. Oimba anakakana, kampani inasiya kukapanga mu 1984, ndipo kanagwera m'masitolo a katundu wakale pa mtengo wozizira. Anyamata akuda a ku Chicago a gulu la Phuture ndi amene anayamba kupotoza timabatani take mosasamala malangizo, n'kutulutsa Acid Tracks mu 1987. Nyimbo ya mtundu wa acid house inabadwa choncho. Gerald anaimva, nayenso n'kuyamba kusonkhanitsa makina otayidwawo ndi ndalama zomwe ankapeza pogwira ntchito ku McDonald's.

Kwa ine kukoma kwa chimbalechi ndi kusapsa kwakeko. Umachita kumva kuti munthu ali yekha ndi makina ake usiku, akuyesa ichi ndi icho. Ng'oma za makina a TR-808 zimagunda mouma, koma pansi pake pali kunjanja kwa mwana amene anakulira pa zimbale za ska za bambo ake ndi kuimba kwa mu tchalitchi cha Pentekosite cha mayi ake.

Kuchoka apo tinatsika ndi ngalande ya Rochdale, mvula ikuwaza, mpaka pa Whitworth Street West. Apa ndi pamene panali Haçienda, malo ovinira a Factory Records ndi gulu la New Order, omwe anatsegulidwa mu 1982 m'nyumba yomwe kale ankagulitsiramo maboti. Mike Pickering ndi Graeme Park ankaika nyimbo Lachisanu usiku, ndipo Voodoo Ray ya Gerald, yomwe inatuluka mu 1988 n'kukafika pa nambala 12 m'dziko lonse chaka chotsatira, inkagwedeza denga. Malowa anatsekedwa mu 1997 chifukwa cha ngongole, mankhwala ozunguza bongo ndi ziwawa za magulu a zigawenga, ndipo mu 2002 anagwetsedwa. Pano pali nyumba zogona zosanjikizana, koma dzina analisunga. Ndinaona alendo akujambulitsa pakhomo, wina atavala malaya a mizere yachikasu ndi yakuda, mtundu wa zipilala zomwe zinali m'kati mwa Haçienda.

Manchester amadziwa kugulitsa chikumbutso chake. Mizere imeneyo ili pa makapu, pa zikwama, pa makoma a malo omwera. Koma nkhani ikamafotokozedwa, amatchulidwa kwambiri ndi Tony Wilson wa Factory Records, gulu la Happy Mondays ndi anyamata achizungu a magitala. Ana akuda a ku Hulme ndi Moss Side, amene ankavina house anzawo asanaidziwe, amangotchulidwa modutsa.

N'chifukwa chake tinapitirira mpaka kumeneko, kuwoloka msewu wa Mancunian Way ndi kudutsa pa mlatho wa uta wa pa Stretford Road. Nyumba zazikulu zokhota za Hulme Crescents, momwe munkakhala oimba ndi ojambula osowa ndalama ya lendi, zinagwetsedwa kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1990. Ku Moss Side tinadya mpunga wa nyemba ndi nkhuku yootcha ya chi Jamaica, m'kasitolo momwe wailesi inkalira reggae. Mwana wa achemwali uja anali atabwereza kale chimbalecho pa foni yake, mutu ukugwedezeka, ngakhale sanavomere kuti chamukoka.

Gerald sanaime pa acid house. Mu 1995 anatulutsa Black Secret Technology, chimodzi mwa zimbale zolemekezeka za nyimbo za mtundu wa jungle, ndipo pambuyo pake anakakhalako ku New York ndi ku Berlin. Mu 2021 anapempha omutsatira kuti amuthandize ndalama zolipirira maloya, ponena kuti kampani ya Rham! yomwe inatulutsa Voodoo Ray ndi Hot Lemonade sinamupatse phindu la malonda ake. Kamakina ka TB-303 kaja, komwe iye ndi anzake ankakatola motchipa, lero kakapezeka koyambirira kamagulidwa mapaundi masauzande.