Mlandu Wopanda Wozengedwa

Agogo anga aakazi anasunga jekete la mlongo wawo mpaka tsiku lomwalira. Mlongoyo anapita ku migodi ya ku Joni kudzera ku Wenela, nalemba makalata awiri, kenaka zii. Maliro sitinalire popeza mtembo panalibe. Kumudzi ankangoti anatchona. Ndinakula ndikukhulupirira kuti nkhani yopanda mathero siikambidwa, kufikira pamene ndinaonera filimu ya Travis Wilkerson ya mu 2002, yotchedwa An Injury to One.

Filimuyi imanena za Frank Little, mtsogoleri m'bungwe la anthu apantchito la Industrial Workers of the World. Iye anafika m'tauni ya migodi ya mkuwa ya Butte, ku Montana, mu Julaye 1917, patangopita masabata ochepa moto utapha anthu 168 mu mgodi wa Speculator. Analimbikitsa sitalaka, nadzudzula poyera nkhondo imene America inali itangolowa, kotero ambiri anamutcha woukira dziko. M'bandakucha wa pa 1 Ogasiti, amuna asanu ndi mmodzi obisa nkhope anamutulutsa m'nyumba imene ankagona, nakamupachika pa mlatho wa njanji. Palibe amene anazengedwa mlandu.

Wilkerson sanaitane ochita zisudzo kuti atisewerere usiku umenewo. Amationetsa zithunzi zakale, mawu olembedwa akutulukira limodzilimodzi, ndi chidzenje cha Berkeley Pit, mgodi wosiyidwa umene unadzala madzi apoizoni, momwe atsekwe 342 anafera mu 1995. Poyamba ndinakwiya. Ndinkafuna kuona nkhope za akuphawo, monga momwe ndinkafunira kuti wina andiuze kumene kunagona mlongo wa agogo. Pambuyo pake ndinazindikira kuti akanandionetsa nkhope zopeka, mtima wanga ukanakhala pansi, ndipo mlanduwo ukanathera pomwepo. Mpata umene iye anausiya ndi umboni wakuti panali anthu amene ankadziwa, nasankha kukhala chete.

Komabe Little ali ndi manda ku Butte, ndipo dzina lake lili m'mabuku. Wathuyo sanali mtsogoleri. Kusowa kwake sikunalembedwe m'nyuzipepala iliyonse. Ndani angamupangire filimu munthu amene anangosiya jekete?

Sabata yotsatira ndinapita kwa amayi kukapempha makalata awiri aja. Anandiyang'ana nthawi yaitali, nati: “Mwanawe, ukufuna kudzutsa chiyani?” Koma anandipatsa. Pa envulopu yachiwiri dzina la komponi likuwerengekabe, ndipo kufunsa kwanga ndayambira pamenepo.