Mwini wake ndani?

Pamene bwana wina anandipeza mwezi wathawu, nkhope itagwa, nandionetsa app imene mnyamata wina anamulembera pa mtengo wosafika ngakhale theka la wanga, ndinaidziwa nthendayo ndisanatsegule n'komwe code yake, pakuti app imene imayamba mopepuka, kenaka n'kumalemera kufikira iOS itaitseka, ndiye kuti wolemba wake sanafunse funso lalikulu la ntchito yathu, lakuti chinthu ichi mwini wake ndani. Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere. Property iliyonse mnyamatayo anailemba strong.

Za nonatomic ndi readonly sindichedwapo. Mtima wanga uli pa weak. Mu Objective-C chinthu chilichonse chili ndi chiwerengero cha amene achigwira, ndipo chiwerengerocho chikafika pa 0, malo ake m'memory amabwezedwa. Koma view controller ikagwira ndi strong kachigawo kotenga zithunzi pa intaneti, kachigawoko nakonso n'kuigwira ndi strong monga delegate wake, ziwirizo zimakhala ngati anthu ogwirana manja pakhomo, aliyense kudikira kuti mnzake ayambe kusiya, ndipo tsamba limene munalitseka kalekale limakhalabe likudya malo, pamodzi ndi zithunzi zake zonse. Weak imaloza popanda kugwira, ndipo cholozedwacho chikachoka imasanduka nil mwaulemu, pomwe assign imatsala ikuloza pamanda, n'kugwetsa app ndi EXC_BAD_ACCESS. Block yogwira self, self nayo itaigwira, ndi msampha womwewo.

Anyamata ngati ameneyu amati ARC, imene inadza mu 2011 pamodzi ndi iOS 5, inathetsa zonsezi. ARC imawerenga mokhulupirika ndithu, koma mfundo ya zinthu zogwirana siimasula, ngakhale mu Swift ya 2014.

Aphunzitsi anga anandiumba m'masiku a iPhone 3GS, imene inali ndi memory ya 256 MB yokha, pamene retain ndi release tinkalemba ndi manja athu. Ankandikhazika pansi ndi pensulo ndi pepala kuti ndiwerenge chinthu chilichonse kuchokera pa alloc kufikira pa dealloc, ndipo ndikaphonya ankangoti, "Mwanawe, wabwereka mtondo wa eni, ubweza liti?" Tsiku lina dzina la wogula linasintha lokha pa tsamba la malipiro, iwo anandisiya ndivutike masiku atatu osanenapo kanthu, kufikira nditazindikira kuti NSString yanga ndinaiika retain m'malo mwa copy, ndipo imene ndinalandira inali NSMutableString, yomwe mwini wake anapitiriza kuisintha. Madzulo amenewo anandigulira tiyi.

Bwana uja nditamuuza mtengo wosinthira strong kukhala weak anadandaula kwambiri, nati, "Achimwene, mawu amodzi okha n'kulipira chonchi?" Ndinamuyankha kuti mawuwo ndi amodzi inde, koma kuwapezera malo ake kudzandisunga pa Instruments masiku awiri, ndikutsegula ndi kutseka tsamba lililonse, kuona ngati dealloc yaitanidwa. Foni anaisiya patebulo panga.