Kiyi wa Mazda ya ku Mabvuku

Mwa zinthu zonse zimene zimatha pa galimoto yakale, loko wolizira injini ndiye amatha mwakachetechete. Tayala likaphwa aliyense amaona, batire ikafooka imadziwika m'mawa womwewo, koma lokoyu amadyeka m'kati pang'onopang'ono, zaka ndi zaka, mwini wake osadziwa. Amangozindikira kuti masiku ano kiyi akufuna kunyengerera: kumubweza pang'ono, kumugwedeza, kugwedezanso chiwongolero, kenako n'kupotoloza. Dzanja limazolowera, ndipo munthu amayamba kuyesa kuti ndi mmene galimotoyo inapangidwira. Ku Mabvuku, kum'mawa kwa mzinda wa Harare, kuli Mazda 323 yoyera imene inafika potero, moti pabanja ponse anthu awiri okha ndiwo ankadziwa kuiliza. Woyamba anali mwini wake, mkulu wa zaka zopitirira 80 wochokera ku Dedza. Wachiwiri anali mdzukulu wawo, amene wakhala akuwayendetsa chiyambire pamene maso awo anayamba kuchita chimbuuzi.

Mkuluyu anatsikira ku Salisbury ali mnyamata, m'masiku a Chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland, chimene chinayamba mu 1953 n'kutha mu 1963. Anzawo ambiri ankalembedwa ndi Mthandizi n'kutumizidwa ku mafamu a fodya, koma iwo anatsata malume awo amene ankaphika kwa mzungu ku Highlands. Anayamba ndi kusamala maluwa, kenako anapeza ntchito m'fakitale ina ku Msasa, m'mbali mwa msewu wa ku Mutare. Mabvuku ndi Tafara anadzaza ndi anthu otere, ochokera ku Nyasaland, ku Tete ndi ku Fort Jameson, ndipo mpaka lero gule wamkulu amatuluka kumeneko pa maliro, ana a Chishona n'kumathawa akufuula kuti zvigure. Fakitale itachepetsa antchito m'zaka za m'ma 1990, panthawi ya ndondomeko ya chuma ija yotchedwa ESAP, mkuluyu anatenga ndalama zimene anapatsidwa n'kugula Mazda yogwirako ntchito kale, imodzi mwa zija zinkalumikizidwa pa Willowvale mu Harare momwemo. Anthu anawaseka. Wina akanagula njerwa, wina akanasunga ku banki. Koma ndalama zosungidwa ku banki zinasanduka mapepala mu 2008, pamene Mazda ija idakanyamulabe zigubu za madzi kuchokera ku mjigo, odwala usiku, ndi azimayi a bungwe la maliro popita kumanda.

Pa dzina la kachitsulo kameneka pali kusiyana pang'ono kumene kumaonetsa kumene munthu anakulira. Mkuluyu amati kiyi, monga anena anthu a ku Lilongwe ndi ku Chipata, ndipo Ashona nawonso amati kiyi. Liwu loti mfungulo amalisungira ku tchalitchi, kumene limamveka bwino pakamwa pa mlaliki. Mnzawo wina wa ku Tafara, amene makolo ake anali a ku Angónia, amalowetsa liwu la Chipwitikizi lija la chave akakwiya. Galimoto yomweyo mdzukulu amaitcha mota, mwana wawo amene anakwatiwa ku Lusaka amati motoka, koma mkuluyu sanasiyepo kunena kuti galimoto, ndipo saiyatsa ayi, amailiza.

M'kati mwa loko wotere mulibe zamatsenga. Muli kachitsulo kozungulira ngati chala chachikulu, ndipo m'menemo mwandandalika timbale ting'onoting'ono ta mkuwa, kalikonse ndi kasipuling'i kake kokakankhira kunja. Kiyi akakhala kulibe, timbaleti timatulukira m'mbali n'kukola chikombole chakunja, ndiye kachitsulo kaja sikangazungulire. Kiyi woyenera akalowa, mano ake amakokera kambale kalikonse pa mlingo wake, tonse n'kubisala m'kati, njira n'kutseguka. Kumbuyo kwake kuli switchi ya magetsi imene imatumiza mphamvu ku sitata, ndipo pansi pake pali mpiringidzo umene umalowa mu mtengo wa chiwongolero kiyi akachotsedwa. Mkuwa ndi wofewa. Kiyi amadya timbale, timbale timadya kiyi, ndipo fumbi la m'misewu yokumbika ya ku Mabvuku limathandiza mbali zonse ziwiri. Pa Mazda iyi panalinso china. Mkuluyu ndi msungichuma wa bungwe la maliro, choncho pa mphete imodzi ankapachikapo kiyi wa nyumba, wa geti, wa bokosi la bungwe, wa sutikesi yachitsulo imene anabwera nayo kuchokera kwawo, ndi ena awiri amene maloko awo anatayika kalekale. Mtolo wonsewo unkalendewera pa loko wolizira kwa zaka pafupifupi 30, ukukoka ndi kugwedera pa dzenje lililonse la mumsewu.

Nkhani inakula pamene uthenga unabwera kuchokera ku Dedza. Mlongo wawo anamwalira iwo osapezekapo pa maliro, ndipo tsopano mbumba inkakonza zomanga chiliza. Kwa Achewa, malume ndiye mwini mbumba. Ana a mlongo wawoyo anachita kunena poyera pa foni kuti sangaike mwala popanda iwo. Mkuluyu anati apita, ndipo apita pa galimoto yawo, kudzera pa Nyamapanda, kuwoloka Zambezi pa Tete, kukhotera ku Ulongwe mpaka pa Calomue, pamene munthu amangodutsa chipata n'kupezeka ali pa Dedza. Basi anaikana. Anachoka kwawo ndi sutikesi pamutu, ndipo m'mudzimo dzina lawo linakhala m'gulu la machona kwa zaka zambiri. Sananene chifukwa chokanira basi, koma panyumba palibe amene anafunikira kuuzidwa.

Sabata yomweyo kiyi anakaniratu. Unali usiku, mayi wina woyandikana nawo atadwala matenda a kumudzi, ndipo mdzukulu anagwedeza, kubweza, kugwedezanso, thukuta lili kamukamu, koma loko osatembenuka. Mayiyo anapita pa galimoto ya munthu wina, ndipo anachira bwino. M'mawa mwake kiyi anatembenuka ngati palibe chinachitika. Koma mdzukuluyo anaululanso chimene ankabisa: kawiri konse, akudumpha mabampu, kiyi anabwerera yekha m'mbuyo injini n'kuzima galimoto ili pa liwiro. Pakati pa Mabvuku zimenezo n'zochititsa manyazi chabe. Pa msewu wa ku Tete, pakati pa mathiraki onyamula katundu, zikhoza kupha.

Makaniko wa pansi pa mtengo, mnyamata waluso amene wakhala akuisamala galimotoyi, anabwera ndi nzeru imene ili ponseponse m'makomboni.

"Sekuru, musataye ndalama. Tithyole mpiringidzo wa chiwongolero, tikoke mawaya, tiike kaswitchi pansi apa ndi batani lolizira. Theka la ola basi, ndipo sidzakuvutaninso."

Nzeruyo si yopusa. Galimoto zambiri zakale zikuyenda motero mu Harare, ndipo batani silidyeka ngati mkuwa. Mkuluyu anakhala chete kanthawi, kenako anayankha mofatsa.

"Mwana wanga, galimoto yolira ndi mawaya ndi ya wakuba. Yanga ndinagula masana, mapepala ali m'sutikesi."

Wosadziwa mbiri ya anthuwa akhoza kuyesa kuti ndi liuma la ukalamba. Koma munthu wotulutsa galimoto m'dziko la Zimbabwe amayenera kutenga kalata ya apolisi yotsimikiza kuti si yobedwa, ndipo wapolisi aliyense pamsewu akaona mawaya ali lendelende pansi pa chiwongolero, mafunso amachuluka. Mafunso otero mkuluyu anatopa nawo. Mu 2001 lamulo la unzika litasinthidwa, ana awo obadwira mu Harare momwemo anauzidwa kuti akakane kaye unzika wa Malawi, dziko limene ena mwa iwo anali asanaliponde. Ziphaso zawo zinkawatcha alendo, ndipo ambiri onga iwo sanavote. Malamulo aakulu a dziko a mu 2013 ndiwo anabwezera unzika kwa obadwira m'dzikomo amene kholo lawo linachokera m'mayiko a SADC. Vuto la ana amenewa linali la pawiri, pakuti mayi awo anali Mshona. Kwa Ashona mwana ndi wa bambo, ndiye ankatchedwa Mabhurandaya. Kwa Achewa mwana ndi wa mayi, ndiye ku Dedza ndi alendo. Munthu amene wathera moyo wake akutulutsa mapepala kuti akhulupiriridwe sangalole kufika pa Nyamapanda ndi galimoto yooneka ngati yothyoledwa.

Motero mdzukulu anakwera kombi kupita ku Mbare. Pa Magaba pali Siyaso, dzina limene Mchewa aliyense amalimva popanda womasulira. Malowa anagwetsedwa mu May 2005 pa Murambatsvina, koma anaphukanso, ndipo lero munthu amapezako chilichonse chachitsulo, kuyambira mbaula ndi mafelemu a mawindo mpaka zitseko za galimoto zimene zinasiya kupangidwa iye asanabadwe. Loko watsopano wa 323 sanamupeze. Msika unatembenukira ku Honda Fit ndi Toyota zobwera kuchokera ku Japan. Anapeza loko wochotsedwa pa Mazda ina imene inagundidwa idakali yolimba, koma wopanda kiyi. Wogulitsa anamulozera kwa mkulu wina wosula makiyi amene amakhala pa benchi kuseri kwa mashedi.

Ntchito ya wosula makiyiyo ndiyo inali yofunika kuiona. Anayang'ana kiyi wakale pa dzuwa n'kupukusa mutu. Mano anali atasalala ngati a nkhalamba. Anafotokoza kuti kujambula kiyi ameneyu pa makina n'kungobereka wina wotha kale, pakuti makina amatsata chimene apatsidwa. Anafunsa ngati chitseko cha kumanzere, cha wokwera, chinasinthidwapo. Pa galimoto zambiri za ku Japan za nthawi imeneyo, nambala ya kiyi inkadindidwa pa loko wa chitseko chimenecho, ndipo ngakhale nambalayo itafufutika, lokoyo ndi amene sagwiritsidwa ntchito kawirikawiri, timbale take timakhala tidakali pafupi ndi mmene tinachokera ku fakitale. Mdzukulu anabwerera ku Mabvuku, anamasula chikuto cha chitseko, n'kubwera naye lokoyo m'thumba la shuga. Kuchokera pamenepo wosulayo anadula kiyi wa mano akuthwa, wofanana ndi amene mwini woyamba anapatsidwa. Kenako anaphwasula loko wogulidwa uja pa nsalu yoyera, timbale n'kutiyala motsatana, akusamala tisipuling'i timene tikadumpha pa fumbi la ku Magaba sitipezekanso. Anasinthanitsa timbaleto malo, tina anatenga m'kachitini kake, mpaka kiyi watsopano atalowa tonse tinagona mofanana. Anakana kuthiramo mafuta a injini, amene amagwira fumbi n'kusanduka phala. Anapala mtima wa pensulo pa kiyi, n'kumulowetsa ndi kumutulutsa kangapo.

Kuchotsa loko wakale pa galimoto kunatenga nthawi yaitali kuposa zonsezi. Makaniko uja, amene sanasunge mangawa pa kukanidwa kwa nzeru yake, anayamba wachotsa waya wa batire, n'kumasula zikuto za pulasitiki za pansi pa chiwongolero. Loko amagwiridwa ku mtengo wa chiwongolero ndi mabawuti awiri opanda mitu. Amapangidwa dala kuti pomanga mutu uthyoke, wakuba asapeze pogwira ndi sipanala. Njira yake ndi kutema kamzere pa chitsa cha bawuti ndi tchizulo, kenako kugogoda cham'mbali pang'onopang'ono mpaka itayamba kuzungulira. Loyamba linamvera msanga. Lachiwiri linali pamalo opanikiza, ndipo mnyamatayo anagona chagada pansi pa mpando, miyendo ili kunja, kwa ola lathunthu, mkuluyu atakhala pa mpando wandalema pambali akumuwerengera nkhonya za hamala. Switchi ya magetsi ya kumbuyo inali idakali bwino, anangoisamutsira pa loko watsopano. Asanamange zolimba anayesa kaye ngati mpiringidzo ukulowa ndi kutuluka bwino, chifukwa chiwongolero chokhoma galimoto ikuyenda n'choopsa kuposa injini yozima.

Kiyi anapatsidwa kwa mwini wake kuti ayambe ndiwo. Dzanja lawo, mwa chizolowezi, linabweza kiyi pang'ono n'kugwedeza, ndipo loko anakana, pakuti kiyi sanafike pansi. Mdzukulu anaseka.

"Agogo, ingolowetsani yense, musamunyengerere."

Analowetsa yense, anapotoloza, injini inalira.

Kiyi wakale amatsegulabe zitseko ndi buti, koma loko watsopano samumvera. Mkuluyu anamusiya pa mphete ija pamodzi ndi wa sutikesi ndi wa bokosi la bungwe, ndipo mtolowo tsopano umakhala m'thumba la jekete. Watsopano anamumanga yekha pa kachingwe, n'kulamula kuti adulitse wachiwiri nambala idakali pafupi, amene anamupereka kwa mpongozi wawo kuti amusunge. Pokatenga kalata ya apolisi, wapolisi anawerenga nambala ya injini ndi ya chesesi, anayerekeza ndi za m'buku la galimoto, ndipo pa loko sanayang'anepo n'komwe. Ulendo waikidwa mu August, mvula itatha kalekale ndiponso kumudzi atakolola. Makaniko wanena kuti matayala awiri akumbuyo sangafike ku Tete, ndipo a bungwe la maliro agwirizana zobwereketsa msungichuma wawo ndalama ya tayala limodzi, kiyi wa bokosi atamugwirizira mlembi mpaka iwo atabwerako.