Agogo Atopa

Ndili mwana ndinkalakalaka chithumwa chimodzi chokha. Anzanga ankafuna cha mpira kapena chokhozera mayeso, koma ine ndinkafuna chokhala ndi zingwe ziwiri: ukakoka china uzimva chilankhulo chilichonse, ukakoka chinacho mawu ako atsekeke, awamve yekhayo amene ukumuuza.

Maganizo amenewa anandibwerera pa msika wa Mitundu. Mayi akandituma mchere ndinkachedwa dala. Ogulitsa usipa ankayankhulana Chiyao, mu golosale ina munkamveka Chirundi, ndiye pamabwera ana a sukulu a ku Bunda ndi Chizungu chawo chothamanga ngati njinga yopanda mabuleki. Zinkandiwawa kuti anthu aseke ine ndili pomwepo osadziwa chaseketsa.

Chingwe chachiwiri tinayesa kudzipangira tokha. Ine ndi mlongo wanga tinkatembenuza mawu: "bwera kuno" ankakhala "rabwe noku". Tinkadziona ngati akazitape. Tsiku lina tikupangana zokatapa shuga, mayi ali chiweramire pa mtondo anangoti, "Gashu yo musaikhudze." Kani nawonso anasewerapo zomwezo ali mtsikana.

Loko weniweni ndinakamuona kwa amalume ku Nathenje, kwawo kwa mayi. Msuweni wanga, amene tinkagona mphasa imodzi pa holide, chaka china analowa gule. Atabwerako ku dambwe anali yemwe uja, mano omwe aja, koma akakumana ndi anzake ometa ankayankhula Chichewa choti liwu lililonse ndikulidziwa, tanthauzo lokha ndi limene linkandidutsa. Amatchula chinthu wamba cha pakhomo, onse n'kugwa nako kuseka, ine duu. Nditamukakamiza anandiyankha kuti, "Aise, zimenezi sitiuzana pa mphasa." Kwathu tinali a mpingo, ndiye nkhani inathera pomwepo. Musayembekezere kuti ndiulula kanthu pano, ndine wosameta. UNESCO inalengeza Gule Wamkulu kukhala chuma cha dziko lonse mu 2005, alendo amajambula zilombo mpaka mafoni kudzaza, koma mawu aja sanatuluke nawo m'mudzi. Chimandigometsa n'choti kiyi wake salembedwa paliponse. Amakhala mwa munthu, ndipo kuti umupeze uyenera kupita wekha ndi thupi lako.

Kenako chithumwa changa chija chinabwera, cha mu sitolo. Google Translate inayamba Chichewa mu 2014. Mu 2016 WhatsApp inatseka mauthenga onse mwa njira yoti foni yako imasandutsa mawu kukhala manambala osokonekera, ndipo ndi foni ya wolandira yokha imene ili ndi kiyi wowabwezeretsa. Zingwe zonse ziwiri m'thumba limodzi, bola bandulo. Nditamaliza ku yunivesite ndinapeza kaganyu mu Lilongwe komasulira mafunso a kafukufuku, Chizungu kupita ku Chichewa, mayankho n'kuwabwezanso ku Chizungu. Kunena zoona ndinkadzimva. Anthu a zilankhulo ziwiri akakhala pa tebulo, onse ankayang'ana ine.

Uthenga wa amalume unafika Lachiwiri masana ndili pa kompyuta. Unali wa mawu, wochokera pa foni ya msuweni wanga, masekondi 11. "Mphwanga, kuno tilipo. Koma agogo akowa atopa. Ukapeza mpata utipeze."

Ndinaumvera kamodzi. Inali nyengo yokolola, ndipo agogo anali munthu wosamva zoti apume, chaka chilichonse tinkakangana nawo za kumunda. Ndiye m'mutu mwanga zinalumikizana bwinobwino: atopa ndi ntchito, akufuna ya shuga ndi Panado. Ndinatumiza ndalama pa Airtel Money, n'kulemba kuti, "Auzeni apume, ndibwera kumapeto kwa mwezi." Ndinaikaponso ka emoji ka manja opemphera. Kuchoka mu tauni kufika pa Nathenje ndi msewu wa M1 womwewu, minibasi siitenga ndi ola lomwe.

Lachinayi m'bandakucha foni inalira. Ulendo uno anali mayi, ndipo sanazungulire.

Liwu loti "atopa" ndinkalidziwa, musandimve molakwa. Mukanandipatsa pa pepala la mayeso ndikanalemba matanthauzo onse awiri, kutopa kwa khasu ndi kutopa kwa wodwala amene thupi lasiya kulimbana. Ndinamvapo azimayi pa chitsime akunong'onezana za munthu wina kuti "koma atopa", madzulo ake kunamveka kulira. Akuluakulu kwathu satchula imfa munthu akadapuma, kuopa kukhala ngati akuiitana. Ngakhale ikachitika, mawu amayamba afika kwa mfumu anthu asanayambe kulira mokweza. Ndipo kwa mwana amene ali kutali amasankha mawu oti anyamuke msanga koma asakomoke pa msewu. Amalume anatseka uthenga wawo mwa njira imeneyo, podziwa kuti mwana wa mlongo wawo ali ndi kiyi. Ine ndinaumasulira ngati mmene ikanachitira foni.

Kumanda kutatha, msuweni wanga anandikokera kuseri kwa nkhokwe. Chisuweni chathu n'chonyozana kuyambira kale, ndiye ndinkayembekeza kuti andiseka za digiri. Sanaseke.

"Man, uthenga uja sunaumve?"

"Ndinaumva."

"Nanga?"

Ndinalibe choyankha. Anandiuza kuti Lachitatu lonse agogo ankati akamva galimoto kumsewu amafunsa ngati ndine. Ndalama ija anagulira shuga ndithu, ndi amene tinamwera tiyi pa maliro.

Kwa miyezi ingapo ndinkawakwiyira amalume mumtima. Bwanji osangonena kuti agogo ali kayakaya, bwera lero? Zikanawatengera masekondi angati? Mpaka pano mbali ina ya ine imaganizabe choncho, ndipo ana anga ndidzawauza zinthu mosabisa. Koma nditawafunsa pa Khirisimasi, anandiyang'ana nthawi yaitali n'kunena kuti, "Mayi anga ali gone pa mphasa pomwepo akundimva, ndikanati chiyani?"

Izi sindinaziganizepo. Uthenga uja anajambulira m'nyumba, pambali pa agogo. Unayenera kudutsa m'makutu mwa mwini wake osamulasa, n'kudzafika kwa ine uli ndi tanthauzo lonse.

Foni ndinasintha chaka chatha, koma uthengawo ndinausamutsa. Ndikauika pa mahedifoni ndimamva zimene zinandiphonya tsiku lija mu ofesi. Pakati pa "agogo akowa" ndi "atopa" amalume amaima kaye, pafupifupi masekondi awiri. Chapansipansi pamamveka nkhuku, kenako munthu akukhosomola.