DZINA LAKE MUNALIBE M'BUKU

Mukadzuka m'mamawa kuno ku Emmasdale ndi kutsata mseu wa Lumumba, mudzaona anyamata atakhala pa zipata za nyumba zosungiramo katundu, kuyembekezera lole. Ikafika, kapitao amangoloza ndi cala: iwe, iwe ndi iwe. Salemba ciliconse.

Mmodzi wa anyamata amenewa ndi wa m'gulu lathu la acinyamata, amene amaimba besi m'kwaya. Kwa miyezi yambiri anali kutsitsa matumba a simenti olemera makilogramu 50 pa malo amodzimodzi, ndi kulandira ndalama m'manja madzulo. Tsiku lina anaterereka pa thabwa, thumba linamugwera ndipo mwendo unathyoka.

Abusa anandituma kukaonana ndi mwini katundu. Anandilandira bwino, natsegula buku la anchito ake. "Onani nokha, bambo, dzina limeneli mulibe muno." Ndinabwerako ndi manyazi, cifukwa ngakhale ine mtsogoleri wake sindinamufunsepo ngati analembedwa nchito.

Malamulo alipo ndithu. Lamulo la anchito la mu 2019 limaletsa kusunga munthu pa ganyu ngati nchitoyo ndi yokhalitsa. Lamulo lina la mu 1999 limati wolemba anthu nchito azipereka ndalama ku thumba lolipira ovulala pa nchito. Khoti la milandu ya anchito nalonso lilipo, ndipo kuyambira mu 2016 ndi cigawo ca Khoti Lalikulu. Dandaulo liyenera kufika kumeneko pasanathe masiku 90. Koma woweruza amafuna umboni. Mbale wathuyu analibe ngakhale kapepala, ndipo anzake anaopa kumuimira mboni poganiza kuti kapitao sadzawalozanso. Motero mlandu wake unathera pa cipata.

Ku India, m'cigawo ca Kerala, kuli lamulo la mu 1978 la onyamula katundu pamutu. Munthu amalembetsa kwa mkulu wa boma ndi kulandira khadi, ndipo amene wakanidwa khadilo angathe kudandaula mpaka ku Khoti Lalikulu. Kumeneko wosenza matumba amadziwika ndi dzina.

Ife sitinafune kukhala manja lende. Tsopano aliyense wa m'gulu lathu amene amanyamula katundu ali ndi kabuku. Amalembamo tsiku, malo, nambala ya lole, ndalama zimene walandira, ndi maina a anzake awiri amene anagwira nao nchito. Tinagwirizananso kuti wina akavulala tidzapita naye ku ofesi ya boma yoona za anchito sabata lomwelo.

Akulu a mpingo amene muli ndi masitolo ndi malole, werengani Yakobo 5:4, ndipo muwalembe anyamatawa m'mabuku anu.

Mbale wathu wabwereranso m'kwaya, koma ayenda motsimphina ndipo thumba sangathenso kulisenza. Mnzanga wacinyamata, kodi iwe dzina lako linalembedwa kuti? Funsa lero, mwendo ukali wabwino.