Mphunzitsi wa Mpando Umodzi

Ife aphunzitsi tidandaula kawirikawiri kuti tilibe zipangizo. Koma tamvani za Jack LaLanne wa ku America. Pa unyamata wake anali wodwaladwala, wokonda zotsekemera, kufikira anazileka ali ndi zaka 15. Kuyambira 1951 kufikira 1985 anaphunzitsa anthu pa wailesi yakanema kulimbitsa matupi awo, nagwiritsa ntchito mpando wamba, wonga uli m'nyumba mwanumo. Ophunzira ake sanali kuwaona, koma iwo anamuona alikuchita iye mwini chimene ananena. Anamwalira mu 2011, ali ndi zaka 96.

Pamenepa tigwidwa manyazi, abale. Taphunzitsa ana za thanzi zaka zambiri tili chikhalire pa mpando wathu. Kodi anawo adzatsata mawu athu, kapena makhalidwe athu?